Thomas Reid, m'busa wa ku Scotland amene anakana kukayikira maso ake: mafunso ndi mayankho

Ndikatchula dzina la Thomas Reid anthu ambiri amangoti kakasi, ena amayesa ndi mmodzi mwa amishonale aja anabwera ndi Robert Laws. Ayi ndithu, mkuluyu sanapondeko kuno, anamwalira David Livingstone asanabadwe nkomwe. Ndasonkhanitsa mafunso amene anzanga amakonda kundipanikiza nawo tikayamba kukamba za iye, ndipo ndayankha mmene ndimamumvera ine.

Kodi Thomas Reid anali ndani?

Anali m'busa wa Church of Scotland, kenako pulofesa ku Aberdeen ndi ku Glasgow, komanso wolemba mabuku a filosofi. Anabadwa pa 26 Epulo 1710 potengera kalendala yakale, m'nyumba ya abusa ku Strachan, kamudzi ka m'chigawo cha Kincardineshire, ndipo anamwalira ku Glasgow pa 7 Okutobala 1796 ali ndi zaka 86. Chimene amadziwika nacho kwambiri nchoti anatsutsana ndi David Hume, katswiri wa filosofi wa ku Scotland komweko, pa funso loti kodi munthu ungakhulupirire zimene maso ako akuona, zimene ukukumbukira, ndi zimene mnzako wakuuza? Reid amati eya, ndipo anatha moyo wake wonse akulongosola chifukwa chake eya ameneyo si wa munthu wopepera.

Anachokera m'banja lotani?

Ku chimuna kunali abusa okhaokha. Bambo ake a Lewis Reid anatumikira mpingo wa ku Strachan zaka zoposa 50, pamalo amodzimodzi, inu tangoganizani. Ku chikazi nde kunali masamu. Mayi ake, Margaret Gregory, anali a banja la a Gregory lotchuka lija, alongo awo atatu anali mapulofesa a masamu ndi za nyenyezi, wina ku Oxford, wina ku Edinburgh, wina ku St Andrews. Ndiye mwanayo anatengera uku ndi uku, baibulo dzanja ili masamu dzanja linalo, ndipo mpaka ukalamba wake amakonda kukhala pansi nkumasova masamu ongodzisangalatsa nawo.

Ndamva zoti analowa koleji ali ndi zaka 12, zoona zimenezo?

Zoona, koma musadabwe nazo kwambiri, nthawi imeneyo ku Scotland zinali zachizolowezi, koleji inali ngati sekondale ndi yunivesite zaphatikizana. Analowa Marischal College ku Aberdeen mu 1722, mphunzitsi wake anali George Turnbull, anamaliza mu 1726 nkupitiriza za ubusa, ndipo analandira chilolezo cholalikira mu 1731. Kuchoka apo anagwirako ntchito yoyang'anira laibulale ya koleji yomweyo mpaka 1736. Ine ndimaona ngati apa mpamene munthuyu anapsa bwino, mnyamata wofatsa amusiya yekha ndi mabuku a Newton wa sayansi ndi Locke wa filosofi zaka zitatu. Mu 1736 momwemo anayenda ulendo wa ku London, Oxford ndi Cambridge, ndipo ku Cambridge anacheza ndi Nicholas Saunderson, pulofesa wa masamu amene anali wosaona. Kucheza kumeneko kunamukhala m'mutu, pambuyo pake polemba za kuona amabwereza kumutchula, chifukwa amafuna kudziwa kuti ndi ziti zimene munthu amadziwa ndi maso okha ndipo ndi ziti zimene manja angamuuze.

Nanga nkhani yoti akhristu ake anamuviika m'dziwe ija?

Imeneyi nde nkhani imene ndimaikonda. Mu 1737 anamutumiza kukakhala m'busa ku New Machar, makilomita pafupifupi 16 kuchokera ku Aberdeen. Vuto linali loti anthu akumeneko sanamusankhe. Panali lamulo la 1712 lopatsa eni malo ndi mabungwe ena mphamvu yosankhira mpingo m'busa, ndipo pa mpingo uwu mphamvuyo inali m'manja mwa King's College. Akhristu anakwiya koopsa, sinanga m'busa wangotera ngati mvula yopanda mitambo, iwo osafunsidwa. Nkhani imene imakambidwa mpaka lero imati anamugwira nkumuviika m'dziwe lomwera akavalo, ndipo tsiku loyamba kulalikira wachibale wake anaima pa masitepe a guwa atasolola lupanga kuti wina asayerekeze kumutsitsa. M'tchalitchi muli lupanga! Aliyense amene anaonapo mpingo ukukana m'busa wobwera ndi kalata ya kulikulu akudziwa nkhope zimene zinali m'mabenchi tsiku limenelo.

Iye sanalimbane nawo. Anangokhala, kumayendera odwala, kumathandiza osauka. Mu 1740 anakwatira msuweni wake Elizabeth, mwana wa George Reid dokotala wa ku London, ndipo mayiyu anathandiza kwambiri kufewetsa mitima ya anthu chifukwa cha mmene amasamalira ovutika. Dugald Stewart, amene anaphunzitsidwa ndi Reid nkudzalemba mbiri yake, akuti mkulu wina wa mumpingomo anadzanena kuti tinamenya nkhondo kuti asabwere, ndipo tikanamenyanso nkhondo kuti asachoke.

Ndiye kuti anali mlaliki wamoto?

Aaa ayi. Stewart yemweyo akunena kuti zaka zoyambirira Reid amadzikayikira moti nthawi zambiri amawerengera anthu maulaliki a abusa ena, monga a John Tillotson, m'malo molalikira ake. Lero wina atachita zimenezo akulu ampingo akhoza kumukhalira pansi. Ngakhale m'kalasi sanali munthu wokoka anthu ndi pakamwa, amawerenga zimene walemba maso ali papepala, mawu osakwera osatsika. Mphamvu yake inali kudekha, paja amati kuona maso a nkhono nkudekha. Amatha kutenga kanthu kamodzi, monga fungo la duwa, nkukhala nako masamba ambirimbiri akufunsa kuti kodi pamene ndikununkhiza chikuchitika nchiyani kwenikweni mwa ine.

Anachoka bwanji pa guwa kukafika ku yunivesite?

Ali ku New Machar komweko analemba kankhani kotchedwa An Essay on Quantity, kanatuluka mu 1748 m'magazini ya Royal Society ya ku London. Mmenemo amatsutsa Francis Hutcheson, pulofesa wa filosofi ku Glasgow, amene anayesa kuyeza ubwino wa munthu ndi masamu, Reid amati zinthu zina zimayezeka ndi manambala zina ayi, ukoma mtima suikidwa pa sikelo. Mu 1751 King's College, yomwe ija inamukankhira ku mpingo wosamufuna, inamusankha kukhala mphunzitsi. Kachitidwe ka kumeneko kanali koti mphunzitsi mmodzi amatenga kalasi imodzi nkuyenda nayo zaka zingapo akuiphunzitsa zonse, masamu, fizikisi, lojiki, za makhalidwe, yekha. Mu 1758 iye ndi anzake monga John Gregory ndi George Campbell anayambitsa Aberdeen Philosophical Society, anthu amaitchula kuti Wise Club, amakumana m'nyumba yodyera ndi kumwera nkumawerengerana zimene alemba. Buku lake loyamba linaphikidwa mmenemo, chidutswa chidutswa.

Kodi Hume ananena chiyani chimene chinamusowetsa tulo?

Apa ndichedwapo pang'ono chifukwa mpamene pagona nkhani. Kuyambira kwa Descartes wa ku France ndi Locke wa ku England, anthu a filosofi amaphunzitsa kuti ukayang'ana mtengo, chimene maganizo ako akukhudza si mtengowo ayi, koma chithunzi chake chimene chili m'mutu mwako. Zikumveka zabwinobwino eti? Ndiye anabwera George Berkeley, bishopu wa ku Ireland, nkunena kuti ngati timangoona zithunzi za m'mutu, palibe chifukwa chonenera kuti kunjaku kuli zinthu zogwirika, kuli maganizo ndi mizimu basi. Reid anavomera yekha kuti ali mnyamata anameza zonse za Berkeley. Kenako mu 1739 Hume anatulutsa A Treatise of Human Nature nkupitiriza msewu womwewo mpaka kumapeto: ukadziyang'ana mkati supeza "iwe", umangopeza kutentha, kuzizira, chimwemwe, ululu, zikudutsana, ndipo ukati moto ndi umene wawotcha, chimene waona ndi moto kenako chilonda, mphamvu yolumikiza ziwirizo sunaione, wangozolowera.

Reid atawerenga anaona kuti Hume sanaphonye sitepe ngakhale imodzi, mfundo iliyonse ikutsatira inzake bwinobwino. Nde anati ngati msewu uli wowongoka koma wakufikitsa kuphompho, vuto lili pamene unayambira. Anabwerera pachiyambi paja nkufunsa kuti kodi umboni woti timaona zithunzi za m'mutu osati zinthu zenizenizo uli kuti? Anafufuza m'mabuku onse osaupeza. Onse amangotengera kwa anzawo. Zinamutengera zaka 25 kuti ayankhe, buku lake An Inquiry into the Human Mind on the Principles of Common Sense linatuluka mu 1764.

Ndiye yankho lake linali lotani?

Tengani dzanja mukanikize patebulo. Mukumva kenakake m'dzanjamo, ndipo nthawi yomweyo mwadziwa kuti tebulo ndi lolimba. Reid akuti zinthu ziwirizi nzosiyana. Kumva kwa m'dzanja sikufanana ndi kulimba kwa thabwa ngakhale pang'ono, si chithunzi chake, koma tinapangidwa mwakuti kumvako kukangobwera maganizo amalumphira pa thabwa lenilenilo, ngati mmene mukamva mawu oti "moto" simukhalira kumvetsera kalilidwe ka mawuwo, mumangodzuka kuthawa. Kumvako ndi chizindikiro, chimene mwadziwa ndi tebulo.

Wina akati nanga tikhulupirire bwanji maso poti nthawi zina amanama, tiyeni tidalire nzeru zokha, Reid amayankha kuti nzeruzo ndi masowo zinachokera m'shopu imodzi, anazipanga ndi mmisiri mmodzi, ngati anakugulitsa maso achinyengo ukudziwa bwanji kuti nzeruzo nzenizeni? Ndipo amaseka anthu okayikira zonse, amati ndikaganiza zosiya kukhulupirira maso anga ndikagunda mphuno pamtengo, ndikagwera m'ngalande, mapeto ake anditsekera kwa amisala. Wokayikira uja amakayikira ali pa desiki, akatuluka panja ngolo ikubwera amapatuka ngati wina aliyense.

Mawu oti common sense akutanthauza kuti zimene anthu ambiri akukhulupirira nzoona?

Ayi, ndipo apa mpamene ambiri amamunamizira. Sakunena mphekesera za pamsika kapena zoti poti mudzi wonse ukuti gogo uje ndi mfiti ndiye kuti ndi mfitidi. Akunena timfundo tochepa timene munthu aliyense wabwinobwino amayendera ngakhale asanatiganizire, timene sungatitsimikize ndi mfundo ina chifukwa ndi pamene mfundo zonse zimaima: kuti ndine yemwe uja ndinali dzulo, kuti zimene ndikuzikumbukira bwino zinachitikadi, kuti amene ndikuyankhula nayeyu ali ndi maganizo ngati ine, kuti ndili ndi mphamvu pa zochita zanga. Njira ina imene amatizindikirira ndi chiyankhulo, amati taonani ziyankhulo zonse zili ndi ine ndi iwe, wochita ndi wochitidwa, dzulo ndi mawa. Akanamva Chichewa bwenzi akusangalala, ife timasiyanitsa bwinobwino "mbale yasweka" ndi "waswa mbale", mwana aliyense amadziwa kuti chachiwiricho chimabwera ndi mlandu.

Ndiye kuti iye ndi Hume anali pa chidani?

Nkosatheka kuwawerengera makalata awo nkunena choncho. Buku lisanatuluke, Hugh Blair, m'busa wa ku Edinburgh amene anali mnzawo wa onse awiri, anapititsa zolemba za Reid kwa Hume. Poyamba Hume ananyinyirika kuti abusa akanamangolumana okhaokha monga mwa ntchito yawo nkusiyira anthu a filosofi zokambirana mwaulemu. Atawerenga anasintha, analembera Reid kalata yoyamikira. Reid poyankha mu Malichi 1763 anadzitcha wophunzira wa Hume, anati waphunzira zambiri kwa iye kuposa kwa ena onse kuwaphatikiza, nkuwonjezera nthabwala yoti mukasiya kulemba ife a ku Aberdeen tisowa zokambirana. M'busa akulembera munthu amene Scotland yonse imamutcha wosapembedza. Ine izi zimandichititsa kamanyazi ndikaona mmene timatukanirana pa Facebook chifukwa cha vesi imodzi.

Ku Glasgow anapita liti?

Mu 1764 momwemo. Adam Smith, uja wa za chuma, anasiya mpando wa Moral Philosophy, filosofi ya makhalidwe, kuti akayende ndi mwana wolemera, Duke of Buccleuch, ku France, ndipo amene analowa m'malo mwake ndi Reid. Kalasi imayamba hafu seveni m'mawa, m'nyengo yozizira ku Glasgow nthawi imeneyo kumakhala kudakali mdima. Chimene chimandisangalatsa nchoti pulofesa wa zaka za m'ma 50 ameneyu amapita kukakhala pa benchi ndi anyamata kumvera malekichala a kemisitiri a Joseph Black. Anasiya kuphunzitsa mu 1780, kalasi nkuisiyira Archibald Arthur, ndipo m'malo mokhala pakhonde anayamba kusanja zolemba zake. Essays on the Intellectual Powers of Man inatuluka mu 1785 ali ndi zaka 75, Essays on the Active Powers of Man mu 1788 ali ndi pafupifupi 78.

Nkhani ya msilikali wolimba mtima ija ndi yotani?

Locke amati chimene chimakupanga kukhala munthu yemwe uja ndi kukumbukira, ngati ukukumbukira kuti unachita chakuti ndiye ndiwe unachita. Reid anati chabwino, tiyerekeze mnyamata wakwapulidwa kusukulu chifukwa chakuba zipatso m'munda. Wakula, ndi msilikali, pa nkhondo yake yoyamba walanda mbendera ya adani, ndipo tsiku limenelo akukumbukira zikoti zija. Wakalamba, ndi jenerali, akukumbukira za mbendera koma za zikoti waiwaliratu. Potsata Locke msilikali ndi mnyamata uja, jenerali ndi msilikali uja, koma jenerali si mnyamata uja. Zingatheke bwanji? Ndiye Reid akuti kukumbukira ndi umboni chabe woti unalipo, sikumene kumakupanga iweyo. Amene anasamalako agogo oti ayamba kuiwala ndi maina a ana awo omwe sasowa kuwalongosolera zimenezi, agogowo ndi omwe aja.

Za kukhulupirira mawu a anthu ena anati chiyani?

Amati tinabadwa ndi zinthu ziwiri zoyenderana, chizolowezi chonena zoona ndi chizolowezi chokhulupirira zimene tauzidwa. Ngakhale wabodza wotheratu amanena zoona kambirimbiri patsiku kuposa mabodza ake, bodza limafuna khama. Mwana amayamba ndi kukhulupirira zonse, kukayikira amakuphunzira pambuyo akapusitsidwa kangapo, ndipo zikanakhala zosemphana, kuti mwana azifuna umboni asanamvere mayi ake kuti usagwire mbaula, sakanakula. Tsiku limene munabadwa inuyo munaliona? Munangouzidwa, ndipo mumalilemba pa mafomu osanjenjemera. Mbali imeneyi ya Reid ndi imene anthu a filosofi a masiku ano abwereranso kuiwerenga kwambiri.

Pa za ufulu wosankha nayonso mfundo yake ndi yachidule: zifukwa zimene zimatikoka kuchita kanthu zili ngati malangizo, osati ngati miyala ya pa sikelo. Malangizo umatha kuwamva nkuwakana, wochita ndi iwe.

Panalibe omutsutsa?

Analipo, akuluakulu. Joseph Priestley wa ku England anamuwombera m'buku lake mu 1774, ndipo Immanuel Kant wa ku Germany mu 1783 anamuika m'gulu limodzi ndi James Oswald ndi James Beattie, Askotishi ena otsutsa Hume, nkunena kuti anthuwa sanamumvetse Hume, angothawira kwa chigulu cha anthu. Kwa Beattie mwina zikumukhala, amalemba mwaukali kuposa mwanzeru, koma kwa Reid ine ndimaona kuti Kant anamulakwira. Pali funso lina limene ndimaliona lolemera kuposa la Kant: kodi malire a timfundo tija ali pati? Munthu akhoza kutenga chizolowezi cha kwawo nkuchitcha nzeru zachibadwa za anthu onse. Reid anapereka njira zoyesera, monga kuona ngati mfundoyo ili ponseponse, ngati imabwera munthu asanaphunzitsidwe, ngati nkotheka kukhala moyo ukuikana, komabe otsatira ake ena anagwiritsa ntchito dzina lake potseka pakamwa ofunsa.

Kwawo kunyumba zinthu zinali bwanji?

Zowawa. Iye ndi Elizabeth anabereka ana 9, ndipo pamene Reid amamwalira anali atatsala mmodzi yekha, Martha, amene anakwatiwa ndi dokotala Patrick Carmichael. Ena anamwalira ali makanda, ena atakula kale. Elizabeth anamwalira mu 1792 atakhala m'banja zaka 52. Mkuluyo makutu anali atagontha, Martha ndi amene amamusamala. Komabe sanadzitsekere, anathandiza nawo pa ntchito yokhazikitsa chipatala cha Glasgow Royal Infirmary, anagwirizana ndi pempho la yunivesite yake ku nyumba ya malamulo lotsutsa malonda a akapolo a ku Africa, ndipo kuukira kwa ku France kutangoyamba anakuonera kukondwa mpaka ena anamudandaula.

Nanga ife zikutikhudza pati?

Pali timizere tiwiri toona, sindikufuna kukokera. Koyamba, lamulo lija losankhira anthu m'busa, lomwe linamuviikitsa m'dziwe, linapitirira kuvutitsa mpingo mpaka pa 18 Meyi 1843 pamene abusa oposa 450 motsogozedwa ndi Thomas Chalmers anatuluka nkuyambitsa Free Church of Scotland. Free Church imeneyo ndi imene inatumiza mishoni ya Livingstonia mu 1875, pamene Church of Scotland yotsalayo inayambitsa ya Blantyre mu 1876, ziwirizi nkudzalumikizana kukhala CCAP mu 1924, Nkhoma nkulowa mu 1926. Ndiye mukamadabwa kuti bwanji mishoni za Askotishi zinabwera ziwiri, muzu wake ndi mkangano womwe uja wa ku New Machar. Kachiwiri, mnzake wa Reid pa yunivesite ya Glasgow, John Anderson, munthu wokonda milandu ndi mapulofesa anzake, anamwalira mu 1796 momwemo nkusiya chuma chake kuti chiyambitse koleji ina, ndipo ku koleji ya Anderson imeneyo nkumene Livingstone anayamba kuphunzira za udokotala mu 1836.

Maganizo akewo anayenda kwambiri ku America kudzera ku koleji ya Princeton, ndi ku France kudzera mwa mapulofesa Royer-Collard ndi Victor Cousin. Ngati munaphunzirako za umulungu nkukumana ndi Alvin Plantinga kapena Nicholas Wolterstorff, amene amati munthu akhoza kukhulupirira Mulungu mwanzeru asanapeze umboni wa pa bolodi, mwamwa kale madzi a pachitsime cha Reid.

Ndiyambire buku liti?

Inquiry ya 1764. Ndi yaifupi poyerekeza ndi enawo, ndipo ili ndi nthabwala zimene simungaziyembekezere kwa munthu wowerenga maulaliki a eni. Imayenda ndi ziwalo, kununkhiza, kulawa, kumva, kukhudza, kuona. Chigawo cha kuona nchachitali ndipo pakati pake pali masamu a mmene zinthu zimaonekera m'diso ndi nkhani ya anthu a maso opingasa, pamenepo mukatopa dumphani, palibe akumenyeni. Mabuku onsewa ndi akale moti amapezeka aulere pa intaneti, bola bandulo.

Anamwalira bwanji, ndipo manda ake ali kuti?

M'chilimwe cha 1796 anapita ku Edinburgh kukacheza kwa dokotala James Gregory, wachibale wake, ndipo katswiri wojambula Henry Raeburn anamujambula chithunzi chimene chimaoneka m'mabuku ambiri lero, nkhalamba itavala kachisoti kofiira. Atabwerera ku Glasgow anadwala mu Seputembala, sitiroko inamugwira kangapo, nkumwalira pa 7 Okutobala. Anamuika pa tchalitchi cha Blackfriars pafupi ndi koleji yakale ku High Street. Yunivesite itasamukira ku Gilmorehill, mbali ina ya Glasgow yomweyo, cha m'ma 1870, malo akalewo anawagulitsa kwa a njanji, ndiye mafupa ake pamodzi ndi a mapulofesa ena anawasamutsira ku manda a Necropolis, paphiri loyang'anizana ndi Glasgow Cathedral.